Mwana wa Pakona pa Chithunzi

Mtembo unali chafufumimba pansi pa tebulo, chingwe chamagetsi chili m'khosi. Anali bambo amene anthu ankawatcha a Matepi, chifukwa ntchito yawo inali kupukuta matepi akale a vidiyo n'kuwasamutsira pa kompyuta. Akazi awo ndi amene anawapeza mu shopu yawo m'mawa, ataona kuti sanabwere kunyumba.

Wofufuza milandu, mayi wa imvi amene anakalambira pa ntchitoyi, anayang'ana mashelefu. Palibe chinabedwa. Koma kachitseko ka makina oonetsera vidiyo kanali kothyoka. Wina anazula tepi mwamphamvu.

Poyamba anakayikira mwini nyumba ya shopuyo, amene ankakangana ndi malemuwo kawirikawiri, koma zinapezeka kuti anali atagonekedwa m'chipatala.

"Amuna anu ankaopa munthu wina?" wofufuzayo anafunsa mayi wamasiyeyo.

"Dzulo masana sanadye. Anati aona zoopsa pa tepi ya aphunzitsi ena, ndipo awaimbira foni."

Mphunzitsiyo, mayi wa ana awiri, anabwera kupolisi.

"Ndi tepi ya ukwati wa achemwali anga," anatero. "Tinaipeza m'sutikesi ya malemu amayi itachita nkhungu. Mng'ono wathu anasowa tsiku la ukwatilo, ali ndi zaka zisanu ndi zinayi. Ndinkangofuna kuonanso nkhope yake."

"A Matepi anakuimbirani?"

"Foni yanga inali yozima, ndinali m'kalasi. Mwina anaimbira amalume. Ndi amene anandiperekeza kokasiya tepiyo."

Wakuphayo anatenga tepi, koma sanadziwe kuti zonse zinali zitalowa kale m'kompyuta. Wofufuzayo ndi mphunzitsiyo anaonera vidiyoyo limodzi. Chithunzi chinkanjenjemera, anthu akuvina, mawu akudukaduka. Kenako pakona panaoneka kamtsikana ka diresi yoyera. Mwamuna wina anakagwira paphewa n'kukakweza kumbuyo kwa galimoto yopanda denga. Mwanayo anatembenuka, n'kubayibitsa wojambula.

Mphunzitsiyo anagwira pakamwa. "Amalume. Koma iwo anatiuza kuti tsikulo anali kutali, kuntchito."

Madzulo a tsiku lomwelo malumewo anali m'chipinda chofunsira mafunso, mdala waulemu wake, wovala jekete. Wofufuzayo anaimitsa chithunzi pa nkhope yawo. Pa zala zawo panali mabala atsopano.

"Mwadzicheka ndi chiyani, bambo?"

Mdalayo anayang'ana zala zake.

"Tsiku la ukwatilo ndinali nditamwa," anayamba motsitsa mawu. "Ndinamutenga kuti tikagule zakumwa zina. Pokhota anagwa, n'kumenyetsa mutu pamsewu. Pomunyamula anali atapita kale. Ndinachita mantha. M'mawa mwake ndinatsogolera anthu pomufunafuna."

"Nanga a Matepi analakwanji?"

"Anandiimbira kuti andizindikira pa tepi. Ndinapita kukawapempha kuti afufute kagawoko. Anakana. Anati mwanayo ali ndi abale ake."

"Mwanayo ali kuti?"

"Kwa mlongo wanga, mayi ake. Nthawi imeneyo ndinkawamangira khonde. Ndinathira simenti ndekha."

Wofufuzayo anatuluka kukauza mphunzitsiyo, amene ankadikira pabenchi panja. Mayiyo sanalire. Nkhope inangomuuma.

"Pakhonde pamenepo," anatero, "m'pamene amayi ankakhala madzulo aliwonse mpaka imfa yawo, maso ali kumsewu, kudikira kuti mwina abwera."