Chigafa Chothamangitsa Masiku

Chomwe chinayamba kumudabwitsa Fainala ndi nkhwani. Madzulo anaiwala kapoto ka ndiwo m'chigafa momwe ankasokera fodya, ndipo m'mawa atakavundukula anapeza chuku chobiriwira, chaubweya ngati khoswe wakufa, mphutsi zikunyamukanyamuka m'menemo. Ndiwo zadzulodzuloli! Analavula, n'kukataya ndi poto yemwe.

Iye ndi mwamuna wake Lameki anali matenanti ochokera ku Phalombe, pa esiteti ya bwana Lucious kufupi ndi Santhe. Sabata imeneyo bwanayo anali atapachika kabokosi kachitsulo pamtanda wapakati wa chigafa, kakuda, kopanda nthambo kapena batire, kokhala ndi gudumu lamano lozungulira lokha. Fodya wa bale amafuna masabata asanu ndi limodzi kuti aume, koma kabokosiko kankathamangitsa masiku m'kati mwa chigafamo mpaka masabata onsewo n'kuthera usiku umodzi. Lamulo linali limodzi basi: kakamalira, munthu asalowemo.

Kulira kwake kunali ngati mavu otsekeredwa mumtsuko, ndipo munthu ankakumvera m'mano. Usiku wachiwiri Fainala anagona atadziphimba kumutu, koma phokosolo linkadzera pansi, mumphasa. Kutacha, fodya wa anansi awo anali atauma bwino, wofiirira, wokongola zedi. Pansi pake panali mileme itatu youma gwa, ndi thadzi lomwe linalowamo dzulo lake lili lonenepa, tsopano mafupa ndi nthenga zokhazokha. Fungo lake linali la nyumba ya wodwala yomwe sinatsegulidwe mwezi wathunthu.

Kumjigo amayi ankanong'onezana kuti bwana anakagula kwa amisiri a kuseri kwa phiri, omwe sagulitsa chinthu dzuwa lili kunja. Bwanayo ankangoyendayenda n'kumanunkhiza masamba, kumwetulira mpaka usinini kuonekera.

"Bambo a Sellah," Fainala ananong'oneza usiku wachitatu, "tiyeni tizipita kwathu. Fodya uyu akundinyansa ngakhale kumugwira."

"Tipite chimanjamanja?" anatero Lameki. "Wathu akulowa mawa. Akangouma, tinyamuka."

Mawa lakelo, fodya wawo atalowa m'chigafa, kumwamba kunada bii. Bwana Lucious anayang'ana mitambo, n'kukwera pampando, n'kupotokola kabokosi kaja mpaka pamapeto, ati fodya aume mvula isanafike. Koma mvula siifunsa bwana. Inafika ndi chimphepo anthu atangogona, ndipo pulasitiki wa padenga la chigafa anamveka kung'ambika, kweee!

Tenanti akamva phokoso limenelo saganiza. Miyendo imathamanga yokha, chifukwa fodya akanyowa ndiye kuti chaka chonse chapita. Lameki anatuluka ndi kabudula yekha, lamulo lija osalikumbukira n'komwe. Posakhalitsa kunamveka mtengo kuthyoka.

Fainala anadzuka. Kunja kunali kutayamba kumveka mawu a azibambo, ndipo mkazi wa mwini sangatuluke mmene wagonera. Anafufuza chitenje mumdima, anamanga, chinamasuka, anamanganso. Anapapasa tochi pansi pa mphasa. Nthawi yonseyi kuchigafa kunkamveka kaphokoso kena kakang'ono, koonda ngati ka mleme, tswii, tswii, tswii, kosalekeza. Sanakalabadire. Zonsezi sizinakwane n'komwe nthawi yowiritsa madzi a tiyi.

Anapeza anthu ataima patali, palibe wofuna kuyandikira. Anatola nsungwi yaitali, n'kuilowetsa ali kunja, n'kukantha kabokosi kaja mpaka kanagwa. Kulira kwa kabokosiko kunangoti zii. Kaphokoso koonda kaja kanatsika, kanakula, n'kusanduka mawu a munthu osasa, akutchula dzina lake.

Fungo linamubweza kaye pakhomo. Lameki anali chagada, mtanda utamupana ntchafu. Ndevu zinali zitamera, masaya atalowa, milomo itang'ambika ndi kuda chifukwa chotafuna fodya. Pomuzungulira panali zonyansa za thupi lake za masiku ambiri. Mwendo womwe unathyoka posachedwapa unali utatupa ngati chipika, ndipo tochi itawalira pabala, Fainala anaona kuti balalo likuyenda mphutsi.

Bwana Lucious anafika ndi ambulera. Anamulumpha Lameki monga momwe munthu amalumphira ndowe, n'kutola kabokosi kake, n'kumakapukuta ndi malaya, akuwerenga mano a gudumu.

"Mayi iwe, wandiphera makina," anatero.

  Fainala anagwada m'matope n'kunyamula mutu wa mwamuna wake, womwe unali utapepuka ngati chikho.

Lameki anamuyang'ana nthawi yaitali. M'maso mwake munalibe mkwiyo, koma kudabwa kwa munthu amene anasiyidwa yekha.

"Amake Sellah, ndakuitanani mpaka mawu kutha. Ndagona n'kudzuka kakhumi, kunja osacha. Munali kuti?"

Fainala anafuna kunama. Bodza linakana kubwera.

"Ndimavala," anatero.