Agripina Anadikira Kuti Atchulidwe Dzina

Tsiku limene Felicitas anatuluka m'chipatala, pakhomo pa mai Ana panali abusa, amayi a Mvano, kapitawo Tapera ndi othyola tiyi ochepa. Agripina, mwana woyamba wa pakhomopo, sanaoneke.

Inali nyumba ya mapemphero, ya ana aakazi awiri. Felicitas anaphunzira unamwino. Agripina anabadwa ndi mphamvu zimene chigwa chonse cha Honde chinali chisanazionepo. Thirakitala ikatitimira m'matope, ankaizula ngati chinangwa. Chaka chimene phiri linagumuka, ndiye anafukula anthu ndi manja ake. Felicitas anangowamanga mabala.

Koma ovulalawo potsitsimuka ankaona nkhope ya Felicitas. Amayi a Mvano atapeka nyimbo yothokoza, dzina limene linalowamo linali la wamng'onoyo.

Ruramai, mnzake wa Agripina m'mizere ya tiyi, ndiye ankakolezera. "Iwe kukumba, mng'ono wako kuimbidwa. Tsiku lina udzangopinda manja, tione ngati nyimbo imanyamula mwala."

Mai Ana anaona kuti mwanayo wasiya kudya mbale imodzi ndi mng'ono wake. Anamuchenjeza kawiri konse. "Mphamvuzo sunagule, mwanawe. Wokupatsayo akuona."

Lachitatu lina ngolo yodzaza masamba inaduka kuthirakitala pamtsetse, n'kupanikiza miyendo ya Felicitas akupita kukiliniki. Agripina anali pomwepo. Anaima. Mumtima anati, anditchule dzina kaye, onsewa amve. Felicitas anaitana amake, anaitana Yesu. Mawu atatsala pang'ono kutha m'pamene anati, "Sisi Agripina, ndithandizeni."

Agripina anagwira ngolo ija. Sinasunthe. Anakankha mpaka magazi anatuluka m'mphuno. Amuna ndiwo anadzaichotsa ndi mitengo, mwendo wakumanzere wa Felicitas utaphwanyika kale.

Lero Agripina ali kulokeshoni ya Gaza, m'tauni ya Chipinge, akugulitsa nthochi. Ndowa ya madzi amachita kumusenzetsa ena.

Atsikana inu, mukayamba kutchera khutu kuti akuyamikidwa ndani, dziwani kuti nsanje yalowa, ndipo sidzachoka isanakulandeni chimene Mulungu anakupatsani.

Tsiku lotuluka m'chipatala lija, ndodo zoyendera anabweretsa a Mvano. Ruramai anabwera ndi nkhuku, anagwada n'kupepesa, nkhani yake inatha. Chatsala n'chimodzi: Agripina sanabwerebe kudzanena pakamwa pake kuti anaima dala. Felicitas akudziwa, poti pansi pa ngolo paja ankamuyang'ana m'maso.