Bokosi Limene Sitinatsegule

Ine Abisai Mbewe sindikonda nkhani za mizukwa. Ndinaphunzira ku mishoni ya Old Mutare, ndipo kwa zaka zambiri ndadzudzula Akhristu ozikamba. Koma izi ndinaziona ndekha.

Edson, mwana wa mlongo wanga Tecla, anali msilikali ku nkhondo ya ku Congo. M'chaka cha 2000 lole ya asilikali inafika pa famu yomwe tinkagwirapo ntchito, itanyamula bokosi lokhomedwa misomali, lomwe anati muli mtembo wake. Mkulu wawo analamula kuti lisatsegulidwe. Tecla analikumbatira.

"Achimwene, ndingoona nkhope yokha. Kwathu sitiika munthu osamuona."

"Lamulo ndi lamulo," ndinatero.

Ndinamuchotsa manja pabokosipo. Monga malume, ndinasaina pepala lovomereza kuti mtembowo ndi wathu. Ndinaona kuti bokosilo ndi lalitali, pamene Edson anali wamfupi, koma ndinakhala chete. Tinamuika m'manda a pafamu, pakati pa makolo athu ochokera ku Dedza ndi ku Ntcheu.

Patapita zaka ziwiri famuyo inalandidwa. Ine ndi Tecla tinapeza kanyumba ku Zimunya.

Tsiku lina mu Juni, titadya, ndinkawerenga Masalimo pa nyali ya parafini. Tecla anali atalowa kuchipinda. Agalu a m'mudzi analeka kuuwa onse pamodzi. Kenaka ndinamva majombo panjira, akuponda mwa perete. Anaima pakhomo. Kugogoda katatu.

Ndinatsegula.

Panali msilikali wamtali, mutu wake kupitirira chitseko. Ndinali ndisanamuonepo. Yunifomu yake inali yonyowa, ngakhale mvula inali itatha kalekale. Manja a malaya ankathera pachigongono. Pachifuwa panasokedwa dzina la Edson.

"Sekuru, ndinu munasaina?" anafunsa m'Chishona, akunditchula agogo.

Ndisanayankhe, anapitiriza:

"Munandigoneka pakati pa anthu achilendo. Amacheza usiku wonse, koma chilankhulo chawo sindichimva. Amandiitana dzina losakhala langa."

"Dzina lako ndani, mwananga?"

Anayang'ana pachifuwa pake nthawi yaitali.

"Malaya awa si anga. Amayi akundidikirabe. Ndilozereni njira."

Ndinakweza dzanja, koma ndikanaloza kuti? Ndinayesa Pemphero la Ambuye, mawu anandithawa. Iye anaimika sawatcha, natembenuka. Majombo anamveka mpaka pamsewu wa basi. Pakhomo panatsala matope ofiira, amene ku Zimunya kuno sindinawaonepo.

Nditacheuka ndinapeza Tecla ataima kumbuyo kwanga.

"Ngati tinalira mwana wa mwini," anatero, "wanga ali kuti?"

M'mawa ndinavala tayi ndi kupita m'tauni. Kalaliki wina wa asilikali anatulutsa pepala lija, naloza pansi pake.

"Saini iyi si yanu, mudhara? Nkhaniyi inatsekedwa."

Ndinakwera basi ina kupita kufamu. Mwini watsopano anandilola kulowa, koma pamalo pa manda panali mapesi a chimanga okhaokha. Mitanda yamatabwa anali atasonkhera moto kalekale. Ndinazungulira mpaka dzuwa kupendeka. Sindinadziwe pokumba.

Chaka chilichonse mu Juni msilikali uja amabweranso. Ine sindidzuka. Tecla ndiye amatsegula, namuikira mpando. Ndimamumva akufunsa motsitsa mawu, "Unamuona Edson wanga kumeneko? Wamfupi, wa mpata kumano." Yankho silimveka. Chimamveka ndi madzi okha, akudontha pansi.

Anansi amanong'ona kuti mayiyo mutu unasokonekera, ena amati msilikaliyo sadzaleka mpaka wosainayo amuperekeze. Komabe Juni akafika, onse amatseka zitseko kusanade.

Tecla sanandinenepo mawu oipa. Amandiphikira, amandichapira. Koma chiyambire usiku uja sananditchulenso achimwene.