Volkmar wa pa Kanema

Anakumana pa siteji ya basi ku Berlin, chaka cha 1947, chipale chofewa chikugwa pa mabwinja a nyumba zophulitsidwa. Gerlinde ankachokera kuntchito kwake kosoka zovala za anthu osewera mafilimu, zala zitauma gwa ndi kuzizira.

"Chemwali, manja okongola chonchi asamavutike," anatero bambo wina wamtali akumupatsa magolovesi ake.

Gerlinde atakweza maso, mtima unagunda kuti thi! Si Volkmar Lindau uyu? Ndi mtsikana uti amene sanamuonepo pa kanema nthawi ya nkhondo, ali dokotala wachifundo kapena msilikali womwetulira?

Masiku amenewo Volkmar anali pa ulova. Asilikali achilendo olamulira mzindawo anamuletsa kusewera mpaka komiti itafufuza ngati sanadyere limodzi ndi chipani cha Nazi, chomwe chinkalamulira nthawi ya nkhondo n'kumapha Ayuda.

"Duwa langa, ine ndinkangosewera basi," ankatero kwa Gerlinde chibwenzi chawo chitayamba, atamugwira dzanja. "Mkazi wanga Recha anafa ndi bomba. Mtima wanga unasanduka manda, mpaka unabwera iwe."

Misozi inkatsika m'masaya mwake, Gerlinde n'kumalira naye. Nayenso anali wamasiye. Bambo ake anaphedwa m'ndende chifukwa chokana chipanicho, ndipo dzina lawo linkalemekezeka mumzinda wonse.

Tsiku lina Volkmar anamupempha kuti, "Ukandiperekeze kukomiti, wapamtima wanga. Ukawauze kuti tili pa chitomero. Ndikangoyambiranso ntchito, ukwati pompo! Ngati ndikunama, ndife."

Gerlinde anapita, nalankhula ndi mtima wonse. Mwana wa munthu wofera choonadi akamuikira wina kumbuyo, ndani angatsutse? Komiti inamulola Volkmar kuyambiranso ntchito. Posakhalitsa anamupatsa mbali yaikulu mufilimu yatsopano, ya mwamuna wolimba mtima wobisa Ayuda m'chipinda chapansi.

Tsiku lina m'mawa, m'chipinda chosokera munalowa mayi woonda, tsitsi lili mbuu ngakhale sanali wokalamba.

"Ndinu amene mukukwatiwa ndi Volkmar?"

"Eya, mayi. Ndikuthandizeni chiyani?"

"Ndine Recha."

Singano inagwa pansi.

"Koma... anati bomba..."

"Bomba? Ndi zimene akunena tsopano?" Mayiyo anaseka phwete louma. "Ine ndine Myuda, mwanawe. Ukwati wathu ndiwo unkanditchinjiriza. A chipani atamuuza kuti asankhe pakati pa ine ndi kanema, anandisudzula m'mawa, masana n'kupita kokajambulidwa. Mwezi usanathe anandikweza sitima ya ng'ombe kupita kundende zopherako Ayuda."

"Mwina sakudziwa kuti muli moyo!"

"Ndinagogoda pakhomo pake chaka chatha. Anandiyankhira pazenera kuti ndisamuipitsire mbiri."

Gerlinde anathamanga kukamufuna. Anamupeza atakhala pagalasi, akudzipaka paudala kumaso.

"Volkmar, Recha ali panja!"

Iye anangopitiriza kudzipaka paudala.

"Walankhula ndi atolankhani?"

"Limenelo ndiye funso lako? Osafunsa ngati ali bwino?"

"Aaa, nthiti yanga, usakweze mawu. Nthawi inali yovuta. Aliyense ankapulumutsa khosi lake."

"Bambo anga sanapulumutse lawo! Ndipo iwe unatenga dzina lawo n'kupukutira litsiro lako!"

"Komabe zinathandiza, si choncho?" anatero akumwetulira kumwetulira kwake kwa pa kanema. "Bwera kuno, njiwa yanga. Ndiwe wekha m'moyo mwanga."

Anatambasula manja. Gerlinde anaona paudala atadzaza m'makwinya, milomo yopakidwa zofiira, fungo la mafuta onunkhira losakanikirana ndi thukuta. Milomo imeneyi ndi imene ankaipsompsona? Thupi lonse linachita nyansi.

"Usandikhudze! Chinthu iwe!"

Gerlinde anavula mphete ya chitomero n'kuiponya m'mbale ya madzi akuda otsukira maburashi.

"Bambo Lindau, tikuyamba!" wina anakuwa kunja. Volkmar anaimirira, nakonza kolala yake, n'kumudutsa ngati akudutsa mpando.

Gerlinde anatuluka pabwalo. Anagwada m'mbali mwa ngalande n'kuyamba kusanza. Dzanja loonda linamugwira paphewa, lina likumuchotsa tsitsi kumaso.

"Sanzani zonse, mwanawe," anatero Recha modekha. "Inu mwachita mwayi, mwamudziwa musanamuphikire."