Chithumwa cha ku Nimurudi

Kiyi ya eni ake saisiya patebulo. Effie Kachingwe anaisiya, ndipo zonse zinayambira pamenepo.

Linali Lachiwiri masana, m'mwezi wa Malichi 2006. Effie anali m'tulo, atachoka ku shifti ya usiku. Mwana wake Marvin, wa zaka makumi awiri ndi ziwiri, anatola kiyi ija. Anakwera basi ku Woolwich natsikira ku Shooters Hill, kunyumba ya Mayi Aldworth, mzungu wokalamba amene Effie ankamusamalira.

Chimene ankafuna ankachidziwa. M'kabati ya magalasi munali kachidutswa ka mnyanga wa njovu, kokwana m'chikhatho. Malemu mwamuna wa mayiyo anakafukula yekha pansi pa nthaka ku Nimurudi, mzinda wakale wa mafumu a Asuri, m'dziko la Iraq. Mayi Aldworth ankati nkhondo ikadzatha kumeneko adzakabwezera kwawo. Koma mnzake wina wa Marvin anali atamunong'oneza kuti tinthu totere timagula galimoto. Anzawo a masiku ano ndi amenewa. Amakukankhira m'dzenje iwo ataima patali.

Marvin anatsekula kabati. Mayiyo, amene ankawodzera pampando, anadzidzimuka. Maso ake anali ofooka, koma anagwira mkono wa jekete.

"Siya chimenecho. Si changa, si chako."

Marvin anasolola mkono mwamphamvu. Mayiyo anagwa chagada pafupi ndi chitseko. Fupa la m'chiuno linamveka kuthyoka. Marvin anaima pang'ono, kenako anathawa. Pofika kwawo anabwezera kiyi patebulo, mayi ake asanadzuke.

Munthu mmodzi yekha anamuona akulowa. Anali agogo ake, a Etta, amene kwawo ku Ntcheu amawatcha Nangozo. Effie anawaitanitsa kuti azidzalera Glory, mwana wake wotsiriza wa zaka zisanu. A Nangozo sanauzolowere mzinda uno wa azungu. Ankaopa chitofu cha gasi, ankaopa masitepe oyenda okha, ankaopa anyamata ovala zipewa zobisa nkhope. Ntchito yawo inali kukhala pawindo n'kumaona. Tsiku limenelo anaona kuti mdzukulu wawo walowa thukuta lili kamukamu, pamene kunja kunkazizira.

"Wachokera kuti, iwe?"

"Ku koleji, Gogo."

"Ku koleji amakuthamangitsani?"

Marvin anayankha m'Chingerezi n'kudzitsekera kuchipinda.

Mawa lake kunabwera apolisi. Mtsogoleri wawo anali Sajeni Hadley, wamtali, wolankhula motsitsa. Chitseko cha Mayi Aldworth sichinathyoledwe, choncho onse okhala ndi kiyi anali okayikiridwa. Anafufuza nyumba yonse koma sanapeze kanthu, poti Marvin anali kunja ndi jekete lake. Kampani yotumiza osamalira okalamba inamuimitsa ntchito Effie mpaka nkhani itatha.

"Akuti kwabedwa chiyani?" anafunsa a Nangozo.

"Chokongoletsera cha m'kabati, amayi. Chamtengo wapatali."

A Nangozo anaganiza za mkanda wagolide, kaya wotchi. Sanafunsenso.

Chithunzi cha mnyanga uja chinatuluka m'nyuzipepala, ndipo wogula amene Marvin ankamudalira anakana ngakhale kuukhudza. Marvin anatsala nawo. Anasiya kudya. Ankavala jekete m'nyumba, dzanja lili pachifuwa. Wina akagogoda, iye ankadumpha. Effie ankangokhala kuchipinda akulira, poti Mayi Aldworth m'chipatala sankapeza bwino, ndipo iye ankawakonda. Kenako Glory anayamba kutentha thupi.

A Nangozo anaziika pamodzi. Ntchito yatha. Mwana wamng'ono wadwala. Mnyamata akuuma ngati chinangwa chapadzuwa. Nyumba imodzi siigwa mbali zitatu popanda wokumba pansi.

Lamulungu m'mawa Marvin analowa kubafa, jekete n'kulisiya pabedi. A Nangozo analowa monyang'ama. Anapisa m'thumba lam'kati napeza sokosi yakuda yomangidwa mfundo. Anamasula mfundoyo.

Kanali kafupa kofiirira, kwina kakuda. Pamenepo panali posemedwa munthu, koma mutu wake wa chiwombankhanga, mlomo wokhota. Kumsana anali ndi mapiko. M'dzanja ananyamula kandowa.

Sanafunike wowauza. Kwawo ku Tsangano kunali wagolosale wina amene anakhwimira chuma. Ana ake anatha mmodzimmodzi, ndipo atamwalira iye, m'nkhokwe mwake anapezamo kanthu kokulungidwa m'nsalu yakuda. Zotere zimadya magazi a pachibale, ndipo zimayambira wamng'ono. Kandowa kaja a Nangozo anadziwa ntchito yake.

Mwina muti, bwanji sanamufunse? Munthu wokhwima samufunsa. Ukamufunsa, chinthucho chimamva n'kufulumira. A Nangozo sanamuuzenso Effie, poti mtima wake unali wosweka kale. Anamanga kafupako pakona ya chitenje, navala chijasi pamwamba. Anakhudza mphumi ya Glory, yotentha ngati mbaula, natuluka.

Tchalitchi chawo chinali ku Plumstead, m'sitolo yakale ya makapeti. Lamulungu lomaliza la mwezi linali lowotcha zithumwa. Anthu ankabwera ndi mikanda ya m'chiuno, timabotolo, tinsupa tochokera kumudzi, ndipo Abusa Abednego Chilemba ankazitentha m'ndowa yachitsulo kuseri kwa nyumbayo. Mnyamata wamkulu wa kwaya, Jailos, ankajambula zonse pakamera kuti anthu azitumiza matepi kwa abale kumudzi.

A Nangozo anali asanaimepo kutsogolo chifikireni. Tsiku limeneli anaima. Anamasula chitenje. Abusa atakaona kanthu kaja anabwerera m'mbuyo, kenako anakakweza m'mwamba. Amayi ena anaphimba maso a ana awo.

"Mwachitenga kuti, agogo?"

"M'nyumba mwanga, abusa."

"Mwini wake ndani?"

A Nangozo anaweramitsa mutu. "Ingochiwotchani."

"Agogo, mukudziwa mwambo wathu. Womangidwa samasulidwa popanda dzina. Tikawotcha osamutchula, chingwe chitsala m'khosi mwake. Mukufuna apulumuke?"

"Ndikufuna."

"Mutchuleni. Dzina lonse, kumwamba kumve."

Abusa anawayandikizira chimkuzamawu pakamwa. A Nangozo anatseka maso.

"Marvin Kachingwe. Mdzukulu wanga. Ndachipeza m'jekete mwake. Amayenda nacho pamtima."

Mpingo wonse unafuula dzinalo m'pemphero. Anatuluka kuseri akuimba. Abusa anathira parafini m'ndowa, naponyamo zonse, nayatsa machesi. Moto unalilima. M'kati munamveka kuthetheka, ndipo a Nangozo anamva ngati mwala wachoka pachifuwa. Anagwada pasimenti yozizira, misozi ili chuchuchu, akuthokoza.

Koma kuno si kumudzi. Kuno utsi uli ndi eni ake. Munthu wina wa m'nyumba zosanja zoyandikana anaimba foni. Nyimbo isanathe, galimoto yozimitsa moto inaima pakhomo, ndipo pambuyo pake panali ya apolisi. Anthu ena a mumpingo, amene mapepala awo sanali bwino, anazemba mwakachetechete kudzera pakhomo lam'mbali.

Ozimitsa moto anathira madzi m'ndowa. Wapolisi wamkazi anavundula phulusa ndi kamtengo. Anaima. Anatola kachidutswa kokhala ndi mutu wa mbalame, nakayang'anitsitsa, nalankhula pa wailesi yake. Chithunzi cha mutu umenewo chinali chomatidwa pakhoma la ku siteshoni kwawo.

Sajeni Hadley sanachedwe kufika.

"Wabweretsa ichi ndani?"

Abusa anayang'ana nsapato zawo. Sajeni anaona kamera m'manja mwa Jailos.

"Imeneyo yajambula?"

"Yajambula, bwana."

"Tiye nayo muofesi ya abusa. Umadziwa chilankhulo cha anthuwa?"

"Ndimadziwa."

A Nangozo sankamva Chingerezi, koma nkhope ankaziwerenga. Anamukoka Jailos malaya.

"Akuti chiyani, mwanawe? Talakwa kuyatsa moto?"

"Si moto, agogo. Akuti chinthu chija n'chobedwa. Chinabedwa kwa mzungu wokalamba ku Shooters Hill."

"Kumene amagwira Effie?"

"Kaya, agogo."

"Koma anati chamtengo wapatali. Kafupa?"

A Nangozo anakumbukira thukuta lija la Lachiwiri.

Muofesi anawakhazika pampando. Sajeni anafunsa kudzera mwa Jailos kumene anachitenga.

"Muuze ndinatola pamsewu."

"Msewu uti?"

"Sindidziwa maina a misewu. Sindinapite kusukulu."

Sajeni sanakalipe. Anangotsekula kagalasi ka kamera n'kudina. A Nangozo anadziona okha, ang'onoang'ono, m'chijasi chawo chachikulu. Anamva mawu awo akutuluka bwinobwino, opanda chibwibwi. Marvin Kachingwe. Mdzukulu wanga.

"Zimitsa," anatero. "Jailos, muuze azimitse."

Sajeni anazimitsa. Analankhula pang'ono, ndipo Jailos anazengereza kumasulira.

"Nena, mwanawe."

"Akuti mayi uja anamwalira dzulo m'chipatala. Akuti tsopano si mlandu wakuba wokha."

Anawatengera kunyumba pa galimoto ya apolisi, Jailos ali pambali pawo. Njira yonse a Nangozo ankapempha chinthu chimodzi, kuti akapeze mnyamatayo atathawa. Pa maloboti alionse ankati, Ambuye, muuzeni athawe. Koma tsoka silinunkha.

Effie ndiye anatsekula chitseko. Kumbuyo kwake nyumba inali mbwee. Makushoni pansi, madilowa otsekula, matiresi ataimikidwa kukhoma. Marvin anali chogwada pabalaza, akupisa pansi pa sofa. Atatukula mutu anaona apolisi, kenako agogo ake pakati pawo.

Sajeni anaika kathumba ka pulasitiki patebulo. Munali zidutswa zakuda. Mapiko anali padera, kandowa padera. Effie anachizindikira nthawi yomweyo.

"Amayi, mwachipeza kuti ichi?"

Effie anayang'ana mwana wake, nayang'ana nyumba yovundulidwa ija, ndipo anamvetsa.

"Tsiku lililonse ndikamawapesa tsitsi Mayi Aldworth ankandiuza za chimenechi," anatero Effie, mawu ali pansi. "Ankati adani atawotcha mzinda uja anachiponya m'chitsime. Chinakhala m'matope zaka zikwi ziwiri ndi kuposa, osasweka. Ankati chinali choteteza nyumba ya mfumu ku zoipa." Anapumira m'mwamba. "Marvin, mayi uja ankakutumizira mabisiketi."

Sajeni anamuuza Marvin kuti akumumanga pa mlandu wakuba ndi wa imfa ya Mayi Aldworth. Atamva mawu akuti imfa, Marvin anakhala pansi bwinobwino ngati mwana. Sanalimbane. Anapereka manja yekha.

"Sindinafune kuti agwe, Mami. Anandigwira, ine ndinangosolola."

"Unawasiya pansi," anatero Effie. "Foni inali pomwepo."

Unyolo unalira. Glory anasuzumira pachitseko cha kuchipinda, ndipo Jailos anamubweza.

Pakhomo Marvin anaima pamaso pa agogo ake. Kwa nthawi yoyamba m'miyezi yambiri analankhula nawo Chichewa chokhachokha, chopindika, cha mwana wokulira kunja.

"Ndinu munatenga, Gogo?"

"Ndine."

"Munapereka kwa apolisi?"

"Kwa abusa. Ndimayesa wakhwima. Ndimayesa chikudya iwe, chikudya Glory. Ndimafuna ndikumasule, mwana wa mwana wanga."

"Mukanangondifunsa."

"Ukanandiuza?"

Marvin anayang'ana pansi.

"Ayi," anatero.

Apolisi anatsika naye masitepe.

Khoti linamupatsa zaka zisanu ndi zitatu. Tepi ija anaionetsa pamaso pa woweruza, ndipo a Nangozo anakhala kumbuyo atatseka makutu ndi manja onse awiri. Kutentha thupi kwa Glory kunali kwa zilonda zapakhosi, kunatha ndi mankhwala a kuchipatala. Zidutswa za mnyanga anazitenga akatswiri a zinthu zakale, ndipo anati zina sizingalumikizikenso.

Effie sanawakalipire mayi ake ngakhale tsiku limodzi. Chikhala anakalipa, bwenzi zili bwino. Anapeza ntchito ina ku nyumba ya okalamba ku Tottenham, ulendo wautali, ndipo ankachoka m'mawa n'kubwera atatopa. Ankawapatsa moni mwaulemu, kuwagulira mankhwala a miyendo, kuwafunsa ngati adya. Zinathera pomwepo.

Tsiku loyamba lokaona Marvin kundende, a Nangozo anadzuka m'mamawa. Anasamba, navala chitenje chatsopano ndi nsapato za kutchalitchi, nakhala pampando pafupi ndi chitseko. Effie anatuluka kuchipinda atanyamula chikwama. Anawaona, naima.

"Amayi, woyenera kulowa amasankha ndi iyeyo."

"Ndiye wati bwanji?"

"Watchula ine ndi Glory."

A Nangozo anagwedeza mutu. Anawerama pang'onopang'ono nayamba kumasula zingwe za nsapato.

"Muvekeni mwanayo chipewa," anatero. "Kunjaku kukuzizira."