Nkhope ya Mthirakuwiri

Mtembo wa Teofil Gronski, katswiri wa zojambula, unapezeka Lolemba m'mawa m'chipinda chake chogwiriramo ntchito. Mutu unali utaphwanyidwa ndi mwala woperera utoto. Komisala Drozd, amene imvi zinamumerera ali kupolisi, anafika cha m'ma eyiti, chisanu chikumuluma m'mawondo.

Khoma lonse linadzaza ndi chithunzi chosamalizidwa: adani akulowa mumzinda wamakedzana, nkhani ya m'buku limene mzinda wonse wa Krakow unkawerenga chaka chimenecho. Pakona, mthirakuwiri amene anawatsegulira chipata anali kumwetulira.

Apolisi, anthu okonda zophweka, anali atamanga kale Kacper wogulitsa nyama, yemwe Gronski ankamujambula ngati msilikali.

"Kutukwanizana tinatukwanizanadi, bwana," anatero Kacper. "Munthu kundiimika tsiku lathunthu nditanyamula nkhwangwa ngati chitsiru! Koma ine ndimapha nkhumba basi."

Chingwe chonyongera chinali kumudikira Kacper, ndipo Drozd sizinamukomere. Anabwerera m'chipindamo. Kalilole wamkulu anali wophimbidwa ndi mpango wakuda, monga timachitira pamaliro kuti mzimu usakodwemo. Mwininyumba, amene anapeza mtembo, analumbira kuti anathawira pakhomo pomwepo osakhudza kanthu. Chigawenga chanji chimapha munthu n'kuyamba kuderanso nkhawa mzimu wake?

Anatsikira kukhichini. Mayi Salomea, wophikira malemuyo, anali atanena kale kuti sanakwere m'mwamba chiyambire Loweruka.

"Amayi, kukuziziratu. Mpango wanu uli kuti?"

Mayiyo anayang'ana manja ake.

"Sindikanamusiya choncho," anatero. "Anali Mkhristu."

"Nanga munamupheranji?"

"Uja wotsegula chipata uja ndi Jasiek, mwana wanga. Anafera kunkhondo yomenyera dziko lino, sindinaone ngakhale manda ake. Ndinangotsala ndi kachithunzi kake kamodzi. Abwana anakabwereka, ati akufuna amuike m'chithunzi chawo chachikulu. Ine kusangalala, kuuza amayi onse kutchalitchi kuti adzabwere kudzaona ngwazi yanga. Dzulo ndikupita ndi msuzi, ndikupeza nsalu yovundikira chithunzicho aichotsa. Ndinagwada, bwana. Ndinati, 'Fufutani, mwana uyu sanaperekepo munthu.' Iwo kuseka. Ati maso ake ndi oyenera, ndipo akufa sadandaula."

Drozd anali atamva zambiri pamoyo wake, koma izi zinamulasa mtima. Anatuma wapolisi kukamasula Kacper.

Ali pakhomo, mayiyo anamugwira mkono.

"Ine mundipachike, palibe kanthu. Koma nkhope ija muipale, mwanawe. Ndi mpeni chabe, sizitenga nthawi."

Drozd anayang'ana kumbali. Chithunzicho tsopano chinali umboni, ndipo umboni sukhudzidwa. Tsiku la mlandu anachiimika m'khoti kumbuyo kwa mayiyo, ndipo mzinda wonse unakhamukira komweko kudzaona nkhope ya mthirakuwiri.