Mipendero ya Ana a Eni

Anthu ankamutcha Sakalamba. Tsiku limene telala wa pakhonde la sitolo ya nsapato anapita kwa iye, bamboyo sanamupemphe ndalama. Anapempha mipendero ya zovala za ana.

Telalayo anali mayi wamasiye wa mwana mmodzi, mtsikana wa zaka zisanu ndi ziwiri. Makina ake anali opalasa ndi mwendo, lamba wake wolumikiza ndi waya. Tsidya la msewu kunali shopu ya mnzake amene anaphunzira naye kusoka, ya makina asanu amagetsi. Akaiyang'ana, mtima unkamubaya ngati wameza singano.

M'chipinda cha Sakalamba munalibe wotchi. Munali chimango cholukirapo ndi malamba olendewera pamisomali. Nkhope yake inali yosalala, koma maso anali a munthu amene anaika m'manda anzake onse.

"Ntchito ndimaidziwa, bambo," anatero telala. "Dzuwa ndi limene limandithawa."

"Dzuwa timalimanga, mayi. Mukamasokera mwana chovala, kumpendero mumapindako nsalu yochuluka bwanji?"

"Zala zinayi. Kuti akatalika, amake angosomola n'kutsitsa."

"Muzisiya chala chimodzi. Zitatuzo muzidula, muzibwera nazo kuno."

"Nanga mwana akakula?"

"Wanena zokula ndani?" Sakalamba anaseka. "Mwabwera kudzalera ana a eni kapena kudzalemera?"

Telala anamva bwinobwino. Anavomera.

Sakalamba analuka tinsaluto n'kupanga lamba, telala n'kumanga m'chiuno mkati mwa diresi. Kuyambira pamenepo tsiku lake linatalika. Ena akamati kwangocha kumene, iye anali atamaliza mayunifolomu makumi awiri. Pasanathe zaka ziwiri anali ndi makina asanu ndi awiri, antchito anayi, ndi shopu yaikulu kuposa ya mnzake uja.

Kenako amayi a ana anayamba kudandaula.

"Wangayu chaka chachitatu yunifolomu yomweyi," anatero mayi wina wogulitsa makala. "Mano a mkaka sakuguluka, koma kumutu kwayamba imvi. Kuchipatala akuti sakuona kanthu." Anasiya malalanje awiri patebulo. "Koma mumasoka zolimba, asisi. Mukampatse mwana wanu."

Malalanjewo anafota patebulo pomwepo. Telala analephera kuwakhudza.

Masana ena Sakalamba analowa yekha mushopu. "Lamba wayamba kuthetheka, mayi. Nsalu ya ana a eni sichedwa kutha. Tsopano pakufunika ya magazi anu." Maso ake anali pa diresi yobiriwira imene telala ankasokera mwana wake, mpendero wake wa zala zinayi zonse.

"Imeneyo ayi."

"Zala zitatu zokha. Mwadula mazana angati, lero ndiye manja anjenjemere?"

"Ndati ayi. Mwana wanga akula. Adzandipitirira msinkhu n'kumandiseka kuti ndine wamfupi."

"Mukangomasula lambayo, maola onse amene munagwiritsa ntchito akugwerani lero lomwe."

"Agwe. Anali anga ngati? Wakuba ndine, osati mwana."

Anatenga sizasi n'kudula lambayo antchito ake akuona. Msana unapindika pomwepo. Tsitsi linayera mbuu, mano anagwera patebulo ngati mabatani. Sakalamba anangotola chipewa chake.

"Kunyada sikusoka malaya, agogo. Mnzanu wa tsidyayo anandifunsa kale njira."

"Pitani. Ndikamuuza ndekha, aone nkhope yangayi."

Ndipo telala anawolokadi msewu ndi ndodo, n'kuulula zonse. Sakalamba anasamuka sabata yomweyo, koma akuti malamba ake akadali m'ziuno za anthu ambiri otamandidwa kuti ndi akhama.

Antchito anathawa, makasitomala anasiya kubwera, makina anapita amodziamodzi. Mwana wake analira masiku atatu asanamutchulenso kuti amayi.

Telala anamasula lamba uja kansalu ndi kansalu, n'kuchapa, n'kusita. Anayamba kuyenda khomo ndi khomo. Kwa mayi wa makala anagogoda m'mawa.

"Mukufuna ndani, agogo?"

"Ndibwerekeniko yunifolomu ya mwana. Pali pamene sindinamalize."

Anakhala pakhonde, n'kulumikiza zala zitatu zija ndi singano ya pamanja, pang'onopang'ono poti maso sankaonanso bwino. Atamaliza anaipinda n'kuipereka ndi manja awiri. Anamwalira atafika nyumba makumi atatu zokha, tinsalu tina tikadali m'thumba.

Dyera ndi lotero. Chuma chobwera mothamanga chimakhala kuti chadulidwa pa moyo wa wina, ndipo kudula n'kwa kamphindi, koma kulumikiza moyo wonse sukwanira.